Puloti ya fakitale si nkhokwe yosungiramo ndalama

Nthawi iliyonse boma likachenjeza kuti lilanda mapuloti amene eni ake alephera kumangapo, mkangano umabuka mu Mzuzu muno. Umaumva m'minibasi yochokera ku Ekwendeni, pa wailesi anthu akamaimba foni, ngakhale pa maliro amuna akakhala pansi pa mtengo kudikira mwambo. Ena amati boma likufuna kuba malo a anthu dzuwa likuswa mtengo, ena amati lachedwa kale. Ine ndili mbali ya omwe akuti lachedwa, ndipo ndineneretu pachiyambi pomwe pano. Munthu amene adapatsidwa malo a mafakitale atalonjeza kuti amangapo fakitale pofika nthawi yakutiyakuti, nthawiyo n'kutha, n'kumuonjezera ina, iye osamangabe kanthu, boma limulande malowo n'kuwapereka kwa wina amene ali wokonzeka. Sindikunena za mayi wamasiye amene akuvutika kumaliza nyumba yake ku Zolozolo, kapena za munda wa makolo ku Lupaso. Ndikunena za malo amene adapatulidwa kuti pakhale makina, anthu alembedwe ntchito ndipo katundu azipangidwa.

Kuti timvane bwino, tiyambe ndi mmene malo oterewa amafikira m'manja mwa munthu. Gawo 207 la malamulo aakulu a dziko lino limati malo onse a m'Malawi ali m'manja mwa dziko. Munthu akafuna puloti ya fakitale amalemba kalata yopempha, amafotokoza bizinesi imene akufuna kuchita, ndipo akavomerezedwa amalandira lizi ya zaka zowerengeka. M'lizimo mumalembedwa zoyenera kutsata: malo agwiritsidwe ntchito imene adapemphera, mapulani avomerezedwe, chitukuko chiyambe m'nthawi yoikika, lendi ya malo izilipidwa chaka ndi chaka. Mumalembedwanso kuti akaphwanya zimenezi, mwini malo, yemwe ndi boma, ali ndi mphamvu yolowanso pamalopo. Aliyense amene adafunsapo mtengo wa puloti kwa madobadoba akudziwa kuti ndalama zimene munthu amalipira ku boma ndi zochepa poyerekeza ndi za pamsika. Kusiyana kumeneku si mphatso ayi. Ndi ife tonse amene tidamuchotsera mtengo munthuyo, posinthana ndi ntchito zimene adati abweretsa. Choncho akasunga malo zaka 10 osamangapo, watenga mbali yathu ya mgwirizano, yake wakana kupereka.

Tsono yendani ku Luwinga muone nokha. Pakati pa mafakitale ndi nyumba zosungiramo katundu zimene zikugwira ntchito, mupeza mipanda ya njerwa imene m'kati mwake muli udzu wofika m'chiuno, mwina chimanga cha mlonda, mwina mulu wa mchenga umene udamera zitsamba. Kenako mupite ku Chibavi kapena ku Mchengautuwa, mukaone anyamata akuwotcherera mageti pakhonde la nyumba yogona, akalipentala akupala matabwa m'mbali mwa msewu, chigayo chikulira pafupi ndi windo la chipinda cha ana. Mwana wa mchemwali wanga ndi mmodzi mwa owotchererawo. Ali ndi anyamata anayi, ntchito yake anthu amaikonda, koma amagwirira pa kabwalo ka nyumba ya lendi, ndipo akayatsa makina ake mababu a anthu oyandikana naye amaphethira. Tsiku lina adandiuza kuti, "Amalume, ine sindikufuna malo aakulu. Andipatse poti ndiimike shedi ndi kulumikiza magetsi amphamvu, chaka chisanathe anyamatawa afika khumi." Kulikonse kumene wafunsa yankho ndi limodzi, loti malo adatha. Pa pepala adathadi, koma ukaima pamsewu ukuwaona ali gone kuseri kwa mipanda.

Nkhaniyi ikuwawa kwambiri mu Mzuzu chifukwa malo oyenera fakitale kuno ndi ochepa. Mzinda wathu uli pa zitunda ndi madambo, ndipo malo athyathyathya, ouma, oyandikira msewu wa M1 ndi mawaya a magetsi amphamvu, sapezeka wamba. Kalembera wa 2008 adapeza anthu pafupifupi 134,000 mu mzindawu, wa 2018 adapeza oposa 220,000. Anthu akuchuluka, nthaka siikukula. Pa nthawi yomweyo mpunga wa Kilombero wochokera ku Karonga, matabwa a ku Chikangawa, chinangwa cha ku Nkhata Bay, soya ndi chimanga cha ku Mzimba, zambiri zimatuluka m'chigawo chino zosakonzedwa, n'kukapindulitsa mafakitale a ku Lilongwe, Blantyre kapena kunja. Khofi wa ku Misuku ndi ku Phoka adationetsa kale kuti mbewu ikakonzedwa konkuno, dzina la Mzuzu limafika kutali ndipo ndalama ina imatsala kwa alimi. Tisaiwalenso kuti mzinda uno udaphuka m'zaka za m'ma 1940 chifukwa cha minda ya tung, mitengo imene njere zake amayengera mafuta, anthu adabwera kutsata ntchito, mpaka mu 1985 udakhala mzinda. Lero ana athu omaliza maphunziro ku Mzuni ndi ku Mzuzu Technical College akupalasa kabaza kapena kukwera basi ya ku Joni, pamene malo amene akadawalemba ntchito atsekeredwa ndi loko.

Komabe otsutsa ali ndi mfundo zawo, ndipo ndi bwino kuzimva mwachilungamo. Yoyamba ndi ya ufulu wokhala ndi katundu. Iwo amati munthu adalipira ndalama zake, ali ndi mapepala, lendi akulipira, ndiye boma likulowererapo chiyani? Amatchula Gawo 28 la malamulo aakulu, lomwe limaletsa kulanda katundu wa munthu mwachisawawa, ndi Gawo 44 lomwe limati boma likatenga katundu wa munthu lipereke chidziwitso chokwanira ndi chipukutamisozi. Mfundoyi ndi yolemera, ndipo palibe Mmalawi amene adamva za katundu wolandidwa m'nthawi ya chipani chimodzi angaipeputse. Koma kulanda mwachisawawa ndi kwina, kuthetsa mgwirizano umene wina waphwanya ndi kwinanso. Mapepala omwewo amene mwini puloti amatulutsa ngati umboni ndi amene ali ndi mawu oti amange m'nthawi yake. Sangasankhe tsamba lomupatsa malo n'kukana tsamba lomuuza chochita nawo. Ndipo izi si zachilendo kwa ife. Kumudzi, amfumu akapatsa mlendo malo oti alime, iye n'kuwasiya tchire zaka zambiri ena akusowa polima, palibe amadabwa malowo akaperekedwa kwa wina. Mumsika waukulu, munthu akatenga benchi n'kumaiphimba ndi chiguduli miyezi yonse pamene amayi ena akugulitsa tomato padothi kunja kwa mpanda, anzake omwe amapita kwa akomiti kukadandaula. Ngati tikumvetsa izi pa benchi ya mamita awiri, tikulephera bwanji kuzimvetsa pa mahekitala awiri?

Mfundo yachiwiri ndi ya chuma, ndipo iyi imakhudza anthu ambiri oona mtima. Amati munthu angamange bwanji fakitale kwacha ikungogwa? Ndi zoona, mu Meyi 2022 kwacha idagwa ndi 25 peresenti, mu Novembala 2023 idagwanso ndi 44 peresenti. Amene adawerengera mtengo wa makina ake izi zisanachitike adadzuka m'mawa wina n'kupeza kuti ndalama zake sizingagulenso zomwe adakonza. Simenti, zitsulo ndi malata zidakwera, ndalama zakunja zoitanitsira makina n'zosowa, ngongole ya kubanki ili ndi chiwongoladzanja chothyola msana. Sindikukana chilichonse mwa izi, ndipo n'chifukwa chake ndikuti nthawi iziwonjezeredwa kwa amene waonetsa umboni, monga mapulani ovomerezedwa, makina amene adalipira kale, kapena khoma limene likukwera ngakhale pang'onopang'ono. Koma pali mbali ina ya nkhani ya kwachayi imene otsutsa saitchula. Kugwa kwa ndalama n'komwe kumapangitsa kusunga malo osamangapo kukhala bizinesi yokoma kuposa fakitale. Amene ali ndi ndalama amadziwa kuti akazisiya kubanki zisungunuka, akamanga fakitale alimbana ndi magetsi, misonkho ndi malipiro a antchito, koma akagwira puloti n'kungoizinga mpanda, mtengo wake uzikwera iye ali mtulo. Ameneyu mavuto a chuma sakumulepheretsa kumanga, akumulemeretsa. Ndiye ngati yankho lathu pa kugwa kwa kwacha ndi kusiya aliyense asunge malo mpaka zinthu zidzakhale bwino, ndiye kuti tavomereza kuti malo a mafakitale asanduke nkhokwe ya ndalama za anthu ochepa, ndipo nkhokwe imeneyi sidzatsegulidwa, chifukwa chaka chimene chuma chidzakhale chopanda vuto palibe akuchidziwa.

Kuonjezera apo, kulephera kwa munthu mmodzi sikutanthauza kuti onse alephera. M'zaka zomwezi za mavuto, ena amanga zigayo za mpunga, mafakitale a mafuta ophikira, malo opalira matabwa. Ngati iwe zakukanika, palibe chamanyazi kubweza malo, boma n'kukubwezera zimene udaonongera pa chitukuko chooneka, wina ayese. Ndipo ngati udatenga malo aakulu koma mphamvu zako zikukwana ngodya imodzi, tsala ndi ngodyayo, kwinako kudulidwe. Ena mwa amene amalira kwambiri ali ndi puloti ku Luwinga, ina ku Kanengo, ina ku Blantyre, zonse zopanda denga. Akuluakulu adati mapanga awiri avumbwitsa, koma pa nkhani iyi amene akuvumbwa ndi achinyamata osowa ntchito, osati mwini mapangawo.

Mfundo yachitatu ndi imene ndimaiona yamphamvu kuposa zonse, ndipo pa iyi ndigonja pang'ono. Eni mapuloti ena amati boma ndilo lidayamba kuphwanya lonjezo. Adalipiritsidwa ndalama za chitukuko cha malo, koma msewu sudalambulidwe, mapaipi a madzi sadafike, transifoma ili kutali kotero kuti kukoka magetsi kukufuna ndalama zoposa mtengo wa fakitale. Ndi mvula ya Mzuzu, imene imagwa mpaka Epulo ndi kupitirira, lole yonyamula makina singalowe pa kanjira ka matope. Apa wolakwa si mwini puloti, ndipo kumulanda kungakhale nkhanza. Choncho ndikuti nthawi iyambe kuwerengedwa tsiku limene msewu, madzi ndi magetsi zafika m'malire a puloti, osati tsiku limene kalata idasainidwa. Izi zilembedwe momveka kuyambira pachiyambi m'malo atsopano, monga ku Dunduzu kumene boma lidasankha kuti kudzakhale dera la mafakitale, kuti mbali iliyonse idziwe ngongole yake. Koma taonani kuti mfundoyi ikuteteza anthu ena okha. Singateteze munthu amene puloti yake yagundizana ndi fakitale yomwe ikugwira ntchito usana ndi usiku, mawaya akudutsa pamwamba pa mpanda wake, phula lili pageti. Kuvomereza kuti ena ali ndi chifukwa chomveka ndi chifukwa chofufuzira puloti iliyonse payokha, si chifukwa chosiyira onse.

Tsopano tifike pa mantha amene ali m'mitima ya anthu ambiri ngakhale amene alibe puloti, mantha a katangale. Amati mukalola boma kulanda, lidzalanda kwa wopanda dzina n'kupatsa wachipani, mlamu wa bwana, kapena amene wapereka envulopu yonenepa, ndipo boma likasintha mndandanda wa olandidwa udzasinthanso. Mantha awa sadachoke m'maloto. Tonse tamvapo za puloti imodzi yokhala ndi eni awiri, za mafailo osowa, za malo amene adaperekedwa usiku. Koma tidzifunse kuti mapuloti ogonawo adafika bwanji m'manja mwa anthu amene sadapangepo ngakhale sopo. Munthu wopanda mpamba, wopanda mbiri ya bizinesi, adapambana bwanji anzake amene ali ndi makina kale? Ena mwa mapuloti amenewa ndi ana a katangale yemweyo. Kusiya kulanda poopa katangale ndi kuteteza zimene katangale wa dzulo adagawa. Ndiponso chete amene alipo panoyu ndi amene amadyetsa ziphuphu, chifukwa lamulo likakhalapo koma losagwiritsidwa ntchito, limasanduka chikwapu chobisa m'kabati, chimene wogwira ntchito wosakhulupirika amatulutsa pofuna kuopseza ndi kubwezeramo akalandira kangachepe.

Pa chifukwa ichi, mankhwala ake ndi kuchita zonse poyera. Mndandanda wa mapuloti onse a mafakitale mu mzinda uno usindikizidwe m'nyuzipepala ndi kumatidwa pa bolodi la kukhonsolo: nambala ya puloti, kampani kapena munthu amene adapatsidwa, chaka chake, ntchito imene adalonjeza, ndi chimene chilipo lero. Lamulo lopatsa anthu mwayi wopeza uthenga wa boma lidayamba kugwira ntchito mu 2020, ndipo malo a dziko si chinsinsi cha munthu. Wofuna kulandidwa alandire kalata yofotokoza zifukwa, apatsidwe masiku oti ayankhe, ndipo akhale ndi mwayi wopita kukhothi, monga Gawo 43 la malamulo aakulu likufunira kuti ofesi ya boma ichite zinthu mwachilungamo ndi kupereka zifukwa zolembedwa. Kulandako kuyambire pa mapuloti amene agona nthawi yaitali kwambiri ndi aakulu kwambiri, posayang'ana kuti mwini wake amakhala mpando uti. Malo olandidwawo alengezedwe, ofuna apikisane poonetsa ndalama ndi mapulani, ndipo opambana adziwike kwa onse. Tsiku limene anthu adzaone dzina la munthu wamphamvu pamwamba pa mndandanda, adzakhulupirira. Likadzayambira kwa wofooka, inenso ndidzakhala woyamba kulemba motsutsa, koma ndidzatsutsa kachitidweko, osati mfundo yolanda.

Ena amati kulanda kudzathawitsa anthu obwera ndi ndalama zawo kudzayambitsa mafakitale. Pa ichi sindichedwapo. Wobwera kudzamanga saopa lamulo loti amange. Chimene chimamubweza ndi kuuzidwa kuti malo kulibe, kenako n'kukumana ndi dobadoba amene akumuuza mtengo wa puloti ya boma wokwana kugula theka la makina ake. Masomphenya a Malawi 2063 adaika mafakitale ngati umodzi mwa mizati yake itatu, ndipo fakitale imafuna nthaka yoimapo isanafune china chilichonse. Za mabanki amene adalandira mapulotiwa ngati chikole, iwonso adziwitsidwe ndi kupatsidwa mpata wopeza wina womanga, koma banki imene idabwereketsa ndalama pa puloti ya fakitale, ndalamazo n'kukagulira minibasi, idadziwa mtundu wa lizi imene idagwira.

Nkhawa ina, yoti malo adzachoka kwa Amalawi n'kupita kwa alendo a ndalama zambiri, ndi yomveka koma ili ndi yankho m'manja mwathu. Malamulo a malo a 2016, omwe adakonzedwanso mu 2022, adakhwimitsa kale njira zimene munthu wosakhala nzika angapezere malo, ndipo adaletsa kugulitsa malo a lizi opanda chitukuko. Chotsala ndi kusintha maganizo oti fakitale ndi chinyumba chachikulu chokhala ndi chumuni. Puloti imodzi yogona ingadulidwe n'kukhala mashedi 20, aliwonse ndi magetsi amphamvu ndi mpopi, n'kubwereketsedwa kwa owotcherera, osoka nsapato, opanga mipando, oyenga uchi ndi magulu a amayi opanga chiponde. Amenewa ndi Amalawi, ndipo ndi amene akupanga kale zinthu m'makwalala athu popanda thandizo la wina aliyense.

Pali chinthu chimodzi chimene chingaononge zonsezi ngati sitichenjera, ndicho chitukuko chophimba m'maso. Mphekesera ya kulanda ikangomveka, mumaona malole a njerwa akuthamanga. Wina amathira maziko a mamita angapo, wina amabweretsa kontena n'kulembapo dzina la kampani, wina amamanga kachipinda ka mlonda, ndipo woyendera akafika amalemba kuti ntchito yayamba. Phokoso likatha, udzu umameranso. Enanso amamangadi, koma m'malo mwa fakitale mumapeza holo ya maukwati, malo ogona alendo kapena pochapira galimoto. Mabizinesi amenewa si oipa, koma malo awo ndi ena, ndipo akakhazikika pakati pa mafakitale ndi iwo amene mawa amadzadandaula za phokoso la makina ndi fumbi la malole. Muyeso usakhale kuchuluka kwa njerwa. Woyendera afunse ngati makina alipo, ngati mita ya magetsi ikuyenda, ngati pali anthu amene amalandira malipiro pamenepo kutha kwa mwezi, ndipo zimene wapeza zilembedwe pa mndandanda womwe uja kuti oyandikana nawo, amene amadziwa zoona zake, athe kutsutsa ngati wanama.

Mwezi watha mwana wa mchemwali wanga uja adabweza oda ya mawindo ndi zitseko za sukulu ina, chifukwa eni nyumba adamuletsa kuunjika zitsulo pabwalo ndipo analibe kwina koziika. Odayo idapita ku Lilongwe. Mmodzi mwa anyamata ake anayi wayamba kale kufunsa za mtengo wa pasipoti.